Cleophus Pettway, Wapolisi wa Kumunsi kwa Njanji

Amene munamuona Cleophus Pettway atakalamba, atakhala pakhonde pake mumsewu wa Kiln, mukukumbukira kuti munthuyo sankavala chipewa. Kaya ndi dzuwa la mu Julaye loswa mtengo lija, kaya ndi chisanu cha mu Januwale choluma makutu, iye mutu pamtunda basi, dazi lili ng'aning'ani. Kuno ku Georgia, ku America, masiku amenewo mwamuna wopanda chipewa ankaoneka ngati wathawa m'nyumba ikupsa. Ana ankanong'onezana kuti mkuluyo mutu wake sukoka bwino. Ife amene tinalipo Loweruka lija la mu 1953 sitinkawatsutsa, koma tinkadziwa kuti nkhani yake si imeneyo.

Cleophus anabadwira m'minda ya thonje, ulendo wa theka la tsiku pangolo ya bulu kuchokera m'tauni yathu ino ya Marbury. Bambo ake, a Esau, ankalima munda wa mzungu, zokolola n'kumagawana. Anali chimunthu chachitali, manja ngati makasu, chonyamula chokha thumba la thonje limene amuna awiri ankabuula nalo. Koma chimunthu chomwecho chikangoona mzungu chinkafupika. Mapewa ankagwa, maso pansi, chipewa n'kutsika chokha kukakhala pachifuwa.

Tsiku lina Cleophus ali ndi zaka zisanu ndi zinayi anapita nawo m'tauni mvula itangokata. M'mbali mwa msewu munali matabwa oyendapo anthu, pansi pake matope okhaokha. Kutsogolo kwawo kunkabwera kamnyamata kachizungu, kopanda ndi ndevu zomwe, kakudya mtedza. A Esau anavula chipewa, natsika m'matopemo ndi nsapato zawo za kutchalitchi, namukokeranso mwanayo momwemo.

"Mwaswera bwanji, bwana?"

Kanangolavula khoko la mtedza n'kudutsa.

Pobwerera Cleophus ankalira chamumtima, misozi ikungotsika. Bambo ake anamuyang'ana cham'mbali.

"Ukulira chiyani iwe?"

"Nsapato zanu, ababa."

"Aaa, matope amachoka ndi madzi, mwanawe. Pukuta nkhopeyo."

Koma sankalirira nsapato ayi. Ankalira chifukwa tsiku limenelo anawachitira manyazi bambo ake omubereka, ndipo manyazi amenewo anakula nawo limodzi. Ankawakonda, zimenezo musakayike, koma akawayang'ana ankalumbira mumtima kuti iye sadzavulira munthu aliyense chipewa, zivute zitani.

Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itabuka anamutenga, nakayendetsa malole a zipolopolo ku France. Anabwerako ali ndi mapewa otambalala ndiponso kayendedwe kachilendo, koponda ngati nthaka anachita kugula. Kumunda sanabwererenso. Anapeza ntchito pamakina ochekera matabwa, nakwatira Ozella, mkazi wosoka zovala, wamfupi, wa pakamwa poti ukamuputa umabwerako utasambitsidwa. Anakhala kuno kwathu, kumunsi kwa njanji, kumene tonse akuda tinkakhala.

Mu 1950 akuluakulu a tauni anaganiza zolemba apolisi anayi akuda, poti apolisi achizungu anali atatopa kudetsa nsapato zawo m'misewu yathu. Abale inu, tinasangalala! Kutchalitchi kwaya inaimba mpaka mawu kusasa, amayi akulira, abusa akuti Mulungu watikumbukira. Cleophus anali mmodzi wa anayiwo. Anamupatsa yunifolomu yabuluu, chisoti, baji yonyezimira, chibonga, unyolo wa m'manja, ndi mfuti yeniyeni.

Zinazo tinazimva pambuyo pake, pang'onopang'ono. Ku ofesi ya apolisi anayiwo sankaloledwa kukhalako, kuopa kuti angagawane mpando ndi azungu. Anawapezera chipinda chapansi panyumba yokonzera maliro ya anthu akuda, momwe munkasungidwa mabokosi. M'menemo ndi mmene ankavalira m'mawa ndi kuvulira madzulo, chifukwa yunifolomu sinkaloledwa kupita kunyumba. Ankati munthu wakuda woyenda ndi baji nthawi yosakhala ya ntchito angayambe kudzimva. Ndiye taganizani, bambo wamkulu ndithu, wa ndevu zake, ataima ndi kabudula wam'kati pakati pa mabokosi a maliro, akusita buluku lake pachivundikiro cha bokosi! Ozella anapemphapo kuti azimusitira kunyumba, koma akuluakulu a polisi anakana.

Lamulo lopweteka kwambiri linali lakuti mzungu sankayenera kumugwira, ngakhale ndi chala. Mzungu akalakwa, kaya waba, kaya wamenya munthu, kaya wapha, wapolisi wakuda ankayenera kupita pangodya ya msewu wa Kiln, pamene panali bokosi lachitsulo lokhomedwa pamtengo wa magetsi, kutsegula ndi kiyi, kuimba foni ku ofesi, kenako kudikira apolisi achizungu. Kiyi wa bokosilo, wamkuwa, Cleophus ankamukoloweka palamba n'kumamupukuta tsiku ndi tsiku mpaka kumachita kuthobwa m'maso.

Kunena zoona, poyamba anatithandiza. Amuna omenya akazi awo Loweruka anayamba kuganiza kawiri, ndipo ana ankawoloka njanji iye ataimitsa magalimoto ndi dzanja limodzi. Koma pang'onopang'ono munthuyo anayamba kuuma. Anasunga ndevu za pamlomo, mawu anawatsitsira m'mimba, dzina lake lachidule lakuti Cleo analiletsa. Chimene sankafuna kumva n'komwe chinali kuseka. Akamadutsa, amuna awiri n'kuseka za nkhani yawoyawo, ankabwerera.

"Chikukusekeretsani n'chiyani?"

"Palibe, achimwene, timanena za mpira."

"Achimwene ako ndani? Ukuona chiyani pachifuwa panga?"

Ankadziwa chimene ife tonse tinkadziwa, kuti bajiyo mphamvu yake inkathera panjanji, ndipo kuseka kulikonse ankakumva ngati kukunena zimenezo. Kunyumba nako ankafika nawo mawu aja, mpaka Ozella anatopa nazo.

"Bambo, inetu si chidakwa cha pamsika. Mukamavula yunifolomu kumabokosi kwanuko, mawuwonso muziwasiya komweko."

Munthu mmodzi yekha amene ankamuseka poyera anali Thurman Gaither, wometa tsitsi. Awiriwa anakwera sitima imodzi popita kunkhondo, ndipo Thurman ndi amene anali mboni paukwati wake. Pakamwa pa Thurman panalibe chitseko. Ankametera aliyense uku akumunyogodola, ndi abusa omwe, ndipo anthu ankabwera dala kudzanyogodoledwa.

"Cleo," ankatero lumo lili pakhosi pa mnzakeyo, "mfuti yakoyi akuti imayamba yafunsa mtundu wa munthu isanalire. N'zoona?"

"Tsiku lina pakamwa pakopa padzakupweteketsa."

"Iii, bola pakamwa panga ndimapita napo kunyumba. Iwe buluku lako limagona ndi maliro."

Cleophus ankamwetulira ndi mano okha.

Zaka zitatu zinatha a Esau asanamuone mwana wawo atavala yunifolomu. Kumudzi sakanapita nayo, ndipo mkuluyo ankadana ndi tauni. Cleophus ankatumiza uthenga mwezi ndi mwezi kuti abwere. Ozella ankayesa kuti n'kungofuna kudzionetsera, koma zinali zoposa pamenepo. Munthuyo ankafuna chinthu chimodzi chokha pamoyo wake, chakuti bambo ake adzaone ndi maso awo mwana wa kwa Pettway ataima m'mbali mwa msewu, chisoti chili pamutu, osapatukira munthu. Ankaganiza kuti tsiku limenelo matope aja adzachoka pa onse awiri.

A Esau anabwera mu Okotobala, thonje litathyoledwa. Linali Loweruka, usiku wake kutagwa mvula, ngalande zili tho ndi madzi ofiira. Anakwera ngolo ya mnansi wawo, atatenga thumba la mbatata, atavala jekete yakuda ya kutchalitchi ndi chipewa chawo chabulauni chija, chakalekale koma chosasidwa bwino. Ozella anali kunyumba akukazinga milamba ndi kuphika mkate wa chimanga. Cleophus anali atadzuka kusanache kukasita, ndipo masana ankadikira pakhomo pa Thurman, nsapato zili waliwali.

Mkuluyo anatsika pangolo, nayang'ana uku ndi uku. Anamudutsitsa maso wapolisiyo kawiri osamuzindikira kuti ndi mwana wawo.

"Ababa!"

A Esau anaima duu. Anayandikira pang'onopang'ono, namuyang'ana kuyambira kunsapato mpaka kuchisoti. Kenako anatambasula chala chawo chokhakhala n'kukhudza baji ija.

"Ndiwe yemwe uja, Cleophus? Wolira panjira uja?"

"Ndine ndemwe, ababa."

"Ha! Zakukhala, mwanawe. Amayi ako akanakhalapo..." Anayamba kufunafuna mpango m'thumba.

Anasiya mbatata pakhomo pa Thurman n'kuyamba kuyenda limodzi mumsewu wa Kiln. Loweruka masana anthu amakhala piringupiringu, koma onse ankapatuka, amuna akukhudza zipewa zawo, amayi akuti, "Awa ndiwo bambo ake a bwana ofesala? Takulandirani, madala!" A Esau ankangogwedeza mutu, msana ukuwongoka pang'onopang'ono. Ine ndikukhulupirira kuti pamoyo wonse wa Cleophus palibe mphindi zina zimene zinakoma kuposa zimenezo.

Pafupi ndi golosale panali lole yobweretsa ufa, ikubwerera cham'mbuyo kuti itsitse matumba. Cleophus anatsalira pang'ono kuyankha mayi wina amene ankadandaula za galu wa mnansi. Bambo ake anapitirira masitepe angapo n'kutembenuka kuti amuonenso bwino mwana wawoyo ali patali. Loleyo sanaione. Inaima mwadzidzidzi, ndipo woyendetsa wake anatsika, mzungu wofiira khosi, akununkha kachasu masanasana.

"Ndiwe wogontha, nkhalamba iwe? Chotsa mafupa akowo!"

Dzanja la a Esau linali litayamba kale kukwera kuti livule chipewa, koma linachedwa. Pha! Khofi linamveka msewu wonse. Chipewa chinauluka n'kukagwera m'ngalande, ndipo pamlomo pa mkuluyo panatuluka magazi.

Tonse maso anali pa Cleophus, ndipo tinaona dzanja lake litagwira chigwiriro cha mfuti. Ndikuuzeni zoona, ambirife tinkapemphera kuti asaisolole. Tinkadziwa chimene chikanatsatira, kuti pofika m'mawa nyumba za kumunsi kwa njanji zikanakhala phulusa, iyeyo akulendewera pamtengo. Koma mumtima momwemo tinkafunanso ataisolola. Iyenso ankadziwa zonse ziwiri.

Dzanja linachoka pamfuti n'kupita pa kiyi. Anatembenuka, kuwafulatira bambo ake, nayenda kupita pangodya paja. Ndi masitepe makumi atatu okha, koma anawayenda ngati wasenza mwala. Anafika pabokosi lija, nalowetsa kiyi pabowo. Atatsegula tinamumva tonse, poti kunalibe wina wolankhula.

"Ndine Pettway, bwana, mumsewu wa Kiln. Kuno mzungu wamenya munthu wachikulire. Inde, bwana. Ndidikira, bwana."

Anabwerera n'kudzaima pafupi ndi loleyo, poti lamulo linkati azimuyang'anira wolakwayo ndi maso. Woyendetsa uja anakhala pachopondera cha lole, nayatsa fodya.

"Wawaitana apolisi enieni, eti? Wachita bwino, mnyamata."

A Esau anawerama okha n'kutola chipewa chawo, nachikutumula, nayamba kuchipukuta ndi mkono wa jekete. Mwana wawo sanamuyang'ane.

Theka la ola linatha, anthu osachoka. Kenako inafika galimoto ya Sajeni Hulsey, mkulu wonenepa, akutokosa m'mano. Anamupatsa moni woyendetsa lole uja pomutchula dzina, namufunsa ngati amayi ake anachira mwendo. Atatha zimenezo ndi pamene anatembenuka.

"Wamenyedwa ndani?"

"Bambo anga, bwana."

"Mdala, wavulala?"

"Ayi, bwana," anatero a Esau, chipewa chili pachifuwa. "Ndine ndinaima polakwika."

"Wamva, Pettway? Ndiye wandidzutsira chiyani pa chakudya? Ukaitananso pa zopusa ngati izi ukabweza bajiyo."

"Inde, bwana."

Ndi pamene Cleophus anamva mphepo ikumuomba pamutu. Anayang'ana pansi, napeza chisoti chake chili m'manja, atachigwira ndi manja awiri pachifuwa. Wapolisi savulira mkulu wake chisoti, amangochita sawatcha, ndipo palibe amene anamuuza kuti avule. Nthawi imene anavulira sanaidziwe. Anaima pamenepo awiriwo moyandikana, bambo ndi mwana, ofanana msinkhu, mapewa akugwa mofanana, aliyense chake pachifuwa.

Galimoto inapita, lole inatsitsa ufa wake n'kupitanso. Thurman anatuluka m'nyumba yake yometera ali ndi kathaulo konyowa, nayamba kuwapukuta a Esau pamlomo. Ukali unali pankhope pake, ndinauona ndi maso angawa. Koma Thurman sankadziwa njira ina yothetsera chete koma nthabwala, ndipo anatsegula pakamwa paja.

"Musadandaule, madala. Mwana wanuyu foni amaitha. Mawu ake anamveka bwinobwino mpaka kwa ine."

Munthu wina kumbuyo anati khi, kuseka kwa mantha chabe.

Cleophus anavala chisoti. Zimene zinatsatira zinachitika mwachangu moti palibe anatha kuletsa. Chibonga choyamba chinatera paphewa la Thurman. Iye anakweza dzanja lamanja kuti adziteteze, chachiwiri n'kutera pa zala, ndipo tinamva mafupa akulira ngati nkhuni zouma. Chachitatu chinamugwetsa.

"Cleo! Ndine, Cleo!"

"Cleo wako ndani? Seka tsopano! Sekanso ndione!"

Anamupinda manja kumbuyo, lothyoka lomwelo, namumanga unyolo umene unakhala palamba masana onse osagwira ntchito. Ankafuula kuti wamumanga chifukwa chonyoza wapolisi, malovu akuthovoka pandevu. Ozella anafika akuthamanga, epuloni ili m'chiuno, manja ali ndi ufa.

"Cleophus! Wapenga? Ameneyo ndi Thurman!"

Chikwatirane anali asanamutchulepo dzina pagulu. Koma iye sanamve. Anamudzutsa Thurman pomukoka kolala, nayamba kumukankha kulowera kubokosi lija kuti akaitane galimoto, poti munthu wakuda ankaloledwa kumumanga, ndipo galimotoyo pa zoterezi sinkachedwa.

Panjira yawo m'mbali mwa msewumo panali pataima a Esau. Chipewa chinali chitabwerera pamutu, kathaulo ka Thurman kali m'manja. Anamuyang'ana mwana wawo nthawi yaitali, osaphethira. Kenako maso anatsika. Dzanja linakwera pang'onopang'ono n'kuvula chipewa chija, ndipo mkuluyo anatsika m'ngalande, madzi ofiira aja n'kumiza nsapato zawo za kutchalitchi.

"Dutsani, bwana."

Cleophus anaima ngati wawombedwa.

"Ababa, ndine."

"Inde, bwana."

"Ababa, tulukanimo m'madzimo. Valani chipewa, chonde!"

A Esau sanasunthe mpaka iye atadutsa. Milamba ya Ozella sanailawe. Anakwera ngolo masana omwewo, ndipo mbatata zija anauza mnansi wawo kuti azisiye pakhomo pa Thurman pomwepo, zikhale za ana ake.

Apolisi anamutulutsa Thurman m'chitokosi Lolemba, koma zala ziwiri sizinawongokenso. Anaphunzira kumeta ndi dzanja lamanzere, ndipo kwa zaka zambiri amuna a kumunsi kwa njanji tinkayenda ndi mitu yokhota mbali imodzi, osadandaula. Nthabwala sanasiye, koma dzina la Cleophus silinatulukenso pakamwa pake. Cleophus anapitako kawiri kukapepesa, Thurman n'kumangonola lumo osatukula mutu.

Kumudzi Cleophus ankapita Lamulungu lililonse loyamba la mwezi, atavala zovala wamba, atanyamula khofi wakumwa ndi fodya. Akangotulukira pachipata, bambo ake ankadzuka pampando wa pakhonde n'kuvula chipewa. Ankamulandira bwino, kumufunsa za ulendo, kumupatsa mpando wabwinowo iwo n'kukhala pasitepe. Cleophus anachonderera, anakalipa, tsiku lina anagwada ndithu pafumbi akulira ngati mwana. Mkuluyo anangoti, "Dzukani, bwana, mudetsa buluku." Chimene chinkamudya Cleophus n'chakuti sanadziwe ngati bambo akewo ankamulanga dala kapena ankamuopadi. Ozella ankati akumulanga, pofuna kumutonthoza, poti chilango chimatha.

Ntchito sanasiye. Anagwira zaka zina makumi awiri, malamulo anasintha iye ali momwemo, bokosi lija analizula pamtengo, ndipo anafika pomanga azungu ndi manja ake. Chibonga sanamenyerenso munthu. Tsiku limene anapuma pa ntchito anabweza chisoti ku ofesi, kulowera khomo la kutsogolo, ndipo kuchokera pamenepo pamutu pake sipanakhalenso kanthu.

A Esau zonsezo sanazione. Anadwala chifuwa m'nyengo yozizira ya 1955, ndipo uthenga unafika m'mawa kuti mwana wawo afulumire. Cleophus anabwereka galimoto, nafika dzuwa lili pamutu. Amayi a kutchalitchi amene ankawadwazika anatuluka kuti awapatse mpata. Mkuluyo anali gone pabedi, atatha ngati nkhuni, maso otseka, chipewa chili pamsomali kukhoma.

Cleophus anavula nsapato pakhomo kuti zisagogode. Anayenda monyang'ama, nagwada pambali pa bedi.

"Ababa, ndabwera. Ndine Cleophus, wolira panjira uja."

Maso anatseguka, namupeza, namuzindikira. Pamenepo dzanja lamanja linatuluka m'bulangete n'kuyamba kukwera kumutu. Zala zinkapapasa m'tsitsi la imvi, kufunafuna chipewa choti zivule. Cleophus analigwira dzanjalo ndi manja ake awiri, nalitsitsa, nalikanikiza pachifuwa pake. Linali lopepuka ngati la mwana, koma linkakokabe kuti libwerere kumutu, ndipo linakoka choncho mpaka mphamvu zitatha.